Wachitatu Kuchokera Pansi

Gwede, gwede, gwede. Ukamadutsa kuseri kwa sukulu ku Metangula n'kumva phokoso limenelo, unkadziwa kuti jolonale ikutuluka. Anali makina opukusa ndi dzanja, otsala ku mishoni, ndipo wopukusa wake anali mphunzitsi wina wamtali amene tonse tinkangowatcha apulofesole. Olemba anali iwo, okonza iwo, ogulitsa iwonso. Ankataipa nkhani pa pepala la phula, n'kulimata pa mgolo wa makinawo, n'kupaka tinta, inki yakuda ija, kenako kupukusa mpaka mapepala atatha.

Nyuzipepalayo inayamba titangobwerako ku Malawi, nkhondo itatha. Inali ya masamba anayi, theka m'Chipwitikizi, theka m'Chinyanja, ndipo inkatuluka mapepala akabwera kuchokera ku Lichinga. Munkalembedwa mtengo wa usipa, milatho imene yagwa, njira zoti anthu asapondemo chifukwa cha mabomba okwirira, ndi za mpira. Inkayenda m'maboti a amalonda, itakulungidwa m'pulasitiki pakati pa madengu, mpaka ku Meluluca. Ikawerengedwa inkathera popichira fodya. Tsamba lomaliza lokha anthu sankasutira. Linali la ofunafuna abale.

Ine bambo sindinawaone, anamira ndisanabadwe. Amayi anasowa pa nthawi imene tinkathawira ku Malawi. Agogo anandibereka kumbuyo n'kukwera bwato loyamba, ndipo amayi, amene ankadwala, anati abwera ndi lachiwiri. Linafika popanda iwo. Opalasa ankanena zosiyana: wina anati anawatsitsa pagombe lina atakomoka, wina anati sanakwere n'komwe.

Titakhazikika ku Chiwanga, agogo anandigwira dzanja mpaka kwa apulofesole.

"Mulembe kuti tikufuna pamene anagona," anatero agogo.

"Mwina ali moyo, amayi. Wina tam'peza ku Nkhotakota atakwatiwanso, ana atatu."

"Wanga akanakhala moyo akanabwera kudzaona kamwana aka. Lembani manda."

Analemba manda. Kutchalitchi kwathu pali tsiku limene mabanja amakalambula manda a abale awo wansembe asanadalitse, ndipo ife pa tsikulo tinkangothandiza kulambula a anthu ena. Agogo anapangitsa mtanda wa thabwa, kalipentala n'kulembapo dzina la amayi. Unkakhala kuseri kwa chitseko. Chiswe chikaudya, ankapangitsa wina.

Agogo sankadziwa kuwerenga. Chidziwitso chathu ankachidziwira pamalo pake: chachitatu kuchokera pansi. Jolonale ikafika pamatandala oyanikira usipa, ankapukuta chala pachitenje, n'kuwerenga mizere kuchokera pansi, n'kubweza pepalalo kwa mwini wake. Mwezi wina mzere wa pamenepo unaoneka waufupi. Anasiya usipa padzuwa n'kuyenda wapansi mpaka ku Metangula.

"Mwam'chotsa."

"Sitinam'chotse, amayi. Wakwera pamwamba, kwabwera atsopano."

"M'bwezereni pomwe anali. Ine ndimam'dziwira pamenepo."

Kuyambira pomwepo apulofesole ankasanja mayina onse mozungulira dzina la amayi. Ena ankalowa, ena ankatuluka, koma wachitatu kuchokera pansi sanasunthenso.

Mayankho ankabwera pakamwa, kudzera mwa eni maboti. Poyamba apulofesole ankangowasindikiza monga awamvera, mpaka analemba kuti bambo wina wa ku Meluluca anafera kutsidya. Abale analira, anameta, anagawana zovala. Patapita miyezi iwiri mwini wake anatulukira pa njinga, wailesi ili pa keliyala, n'kupeza mkazi wake ali ndi mpala ndipo mlamu wake atavala buluku lake la kutchalitchi. Akuti asanapereke n'komwe moni anati, "Alamu, vulani." Anthu anaseka chaka chonse. Apulofesole sanaseke. Anadziikira lamulo: za imfa sadzalembanso, kapena kuuza wachibale aliyense, asanakaone okha manda ndi kulankhula ndi amene anakumba. Ankapita pa njinga, pa tchuthi cha sukulu, ndipo mayankho anayamba kuchedwa kwambiri. Anthu ankawanena kuti jolonale yawo imafika wakufa atayamba kale kuiwalika.

Zaka zinapita. Ambiri anapezana, tsamba lomaliza linafupika, pamwamba pake n'kumalembedwa za mankhwala oviikira maukonde. Kenako kunabwera wailesi yolankhula Chinyanja chathu, yolengeza maliro tsiku lomwelo. Mapepala a phula anayamba kusowa m'masitolo a ku Lichinga, poti maofesi anali atagula makina ena. Jolonale inkatuluka kawiri pachaka, kenako kamodzi. Ndiye dzinja lina apulofesole anagwa m'kalasi. Anadzuka atafa mbali imodzi, pakamwa patapotoka, mawu osatuluka. Palibe amene analengeza kuti nyuzipepala yatha. Tinangosiya kumva gwede. Makinawo ndinawaona pambuyo pake m'khitchini mwawo, nkhuku itaikira m'bokosi lake.

Nthawi imeneyo n'kuti ndili mnyamata wamkulu, ndikukhoma mabwato. Ndikamadutsa pakhonde pawo, apulofesole ankakweza dzanja lamoyolo n'kumang'ung'udza, maso ali pa ine. Ndinkati akupereka moni. Ndinkavula chipewa, n'kufunsa za kudzuka, n'kupitirira. Zinachitika kambirimbiri. Ine ndine munthu woyang'anitsitsa zinthu, agogo ankatero, koma izi sindinazione.

Agogo anamwalira patapita madzinja atatu. Tinawaika ku Chiwanga. Mtanda wa amayi, umene unali wachinayi, ndinausamutsira kuseri kwa chitseko changa. Mkazi wanga anazolowera kuusuntha posesa, ndipo ana anga amakolekapo zikwama za kusukulu.

Apulofesole anakhala pakhonde paja zaka zambiri. Amwalira chaka chino, mwezi wa Juni. Kumaliro kwawo palibe anatchula jolonale. Olankhula ananena za uphunzitsi ndi za kwaya.

Patatha milungu itatu, ndili pagombe masana ndikumata phula pansi pa bwato, kunafika mayi wina pa njinga. Anali mwana wamkazi wa apulofesole, namwino ku Lichinga, amene anabwera kudzalongosola za m'nyumba. Anatsika, n'kufunsa ngati ndine mdzukulu wa agogo aja a usipa.

"Ndine."

"Ndiye ndakupezani, achimwene. Ndazungulira gombe lonse, aliyense akundilozera kwina." Anamasula chingwe pa keliyala. "M'sutukesi ya ababa munali jolonale yomaliza. Anaitaipa koma sanaipukuse. Zikuoneka kuti dzinja lomwe anadwala lija anapita ku Lunho. Ine ndikukumbukira, anabwerako matope mpaka m'chiuno, amayi n'kuwakalipira kuti njinga yapindika. Tinkati anapita kukaona anzawo."

Ndinaika pansi chitini cha phula.

"Katekisiti wa kumeneko anawauza kalekale za mayi wina amene anatsitsidwa m'bwato akudwala," anapitiriza. "Koma mukuwadziwa ababa, sakananena asanakaone. Anakaona. Alembamo mudzi, mtengo umene uli pamandapo, ndi anthu awiri amene anakumba. Ndafunsa pa foni dzulo. Mmodzi akadalipo, koma ndi wokalamba kwambiri. Musadikire mvula, msewu uja mukuudziwa."

Ndinafunsa ngati awerenga bwino dzina.

"Ndi limene linkakhala pansi paja nthawi zonse. Ndinakula ndikuliona." Anayang'ana manja anga. "Pukutani kaye, ndi losachedwa kung'ambika."

Ndinapukuta pa buluku. Anandipatsa makatoni awiri omangidwa ndi ulusi wa ukonde, pepala la phula lili pakati.

"Mulibe tinta. Muliyang'anire padzuwa, zilembo zimaonekera. Musalipinde."

Anakwera njinga yake n'kulowera njira ya ku Metangula.