Ndinawerama Ndekha pa Swala ya Jeneza

Mkazi wanga anamwalira Lachitatu m'mawa, ndipo tinamuika tsiku lomwelo masana, monga tichitira Asilamu. Anadwala masiku anayi okha. Anandisiyira mwana mmodzi wamkazi wa zaka zisanu ndi chimodzi. Za matendawo sindilemba. Ndilemba zimene ndinachita pa maliro ake, ndi mmene ndinatsala pang'ono kulandidwa mwana chifukwa cha zimenezo.

Tonse awiri tinabadwira m'mudzi umodzi wa asodzi, m'mbali mwa nyanja ku Salima. Madrasa yathu inali pakhonde la mzikiti: mkeka, bolodi long'ambika pakona, ndi amwalimu amene m'mawa ankasoka maukonde, masana n'kumaphunzitsa ana. Ine ndinapitako zaka ziwiri zokha. Kenaka bambo anga anandilembetsa kusukulu ya boma, anthu n'kumawanena kuti mwanayo adzabwerako atabatizidwa. Sindinabatizidwe ayi. Ndinapita kusekondale yogonera komweko, kenaka kukoleji ya aphunzitsi, ndipo Chisilamu sindinachikane. Ndinangochiiwala pang'onopang'ono. Pa Idi ndinkapita kukaswali, koma ndinkaima mzere wakumbuyo, maso ali pa munthu wapatsogolo panga. Akawerama, nanenso ndinkawerama. Akagwetsa mphumi pansi, nanenso chimodzimodzi. Zaka zonsezo palibe anandigwira.

Mkazi wanga iye anakhala ku madrasa zaka zisanu ndi zitatu, ndipo Kurani anaimaliza yonse. Zilembo zathu za kusukuluzi sankazidziwa. Titakwatirana ndinamutengera ku Chitala, kumene ndinkaphunzitsa pakati pa alimi a chimanga, ambiri a iwo Akhristu.

Chaka cha chisankho choyamba cha zipani zambiri, aphunzitsife ndi amene tinkalemba maina a ovota pasukulu pathu. Mkazi wanga anabwera pamzere atafunda mpango wake wobiriwira. Atafika patebulo, anapereka chala kuti adinde. Mphunzitsi mnzanga wa masamu anandigunda ndi chigongono.

"Aphunzitsi, kunyumba choko chinatha? Ana a eni mukuwaphunzitsa, madamu mukuwadinditsa chala?"

Ndinaseka nawo. Ndinati, "Awa sanapite kusukulu."

Iye anapukuta chala chake pansalu n'kumapita. Nditafika kunyumba madzulo anandipatsa madzi osamba kaye, kenaka anati, "Abambo ake, zija mwanena zija."

"Ziti?"

"Zoti sindinapite kusukulu. Nanga zaka zonse zija ndinkapita kukatola nkhuni?"

"Madrasa si sukulu, amake mwana. Kuja mumangoimba mawu amene simuwamva n'komwe."

"Chabwino," anatero akuseka. "Tsiku limene mudzaifune nyimbo imeneyo, mudzaitane ahedi anu adzakuimbireni."

Pambuyo pake anandipempha kangapo kuti pa holide mwana azipita kunyanja kwa agogo ake, akalowe madrasa. Ndinakana. Sukulu ya pulayimale inali itangoyamba kukhala yaulere, ndipo ndinati mwana aphunzire kaye zolemba za anthu onse. Ndinati zilembo zina zikupita kumanja, zina kumanzere, mutu wa mwana ungasokonezeke. Anasiya kupempha.

Atamwalira tinatenga thupi lake pa galimoto ya matola kupita nalo kwawo kunyanja. Amayi a m'mudzi anamusambitsa n'kumukulunga m'sanda. Amuna tinanyamula jeneza, chithatha cha maliro, kukaliika pabwalo la mzikiti, pansi pa mtengo wa mango. Ndinayamba kulowera kumbuyo monga mwa masiku onse, koma ashehe anandiona.

"Mwamuna wake abwere kutsogolo kuno."

Anandiimika mzere woyamba, pambali pa alamu anga, mchimwene wamkulu wa mkazi wanga. Iwo ndi msodzi, ndipo anali atangofika kumene pa boti kuchokera ku chilumba cha Mbenji. Patsogolo panga panalibenso munthu womuonera, koma ashehe ndi jeneza basi.

Swala ya maliro ndi yosiyana ndi swala zina zonse. Ilibe kuwerama, ilibe kugwetsa mphumi pansi. Anthu amangoima chilili, ashehe n'kunena Allahu Akbar kanayi. Mwana aliyense wa ku madrasa amadziwa zimenezi. Ine pa maliro a anthu ena ndinkakhala kumanda ndi okumba, kapena kuima patali ndi anzanga Achikhristu.

Ashehe ananena koyamba, tonse tinakweza manja. Atanena kachiwiri, thupi langa linachita zimene linazolowera pa swala zina. Ndinawerama, manja pa mawondo. Ndili chiweramire ndinaona mapazi anga, ndi mapazi a alamu anga, ndipo ndinazindikira kuti mithunzi ya anthu onse yaima njo. Wowerama ndinali ndekha, pamaso pa mtembo wa mkazi wanga. Dzanja la alamu linandigwira pachigongono n'kundiwongola pang'onopang'ono. Sanandiyang'ane. Palibe anaseka. Munthu wina kumbuyo anangokhosomola.

Kumanda, alamu analowa m'dzenje ndi ang'ono awo awiri kuti alandire thupi. Ine sanandiitane, ndipo sindinapemphe.

Tsiku lachitatu banja linakhala pansi pakhomo pa apongozi anga. Kwathu mwana amakhala wa kuchikazi, ndipo mawu a malume wake ndi amene amalemera. Alamu anayankhula mosakweza mawu.

"Alamu, ife sitikukuthamangitsani. Mlongo wathu munamusunga bwino. Koma mwanayu atsala kuno."

Ndinati, "Ndine mphunzitsi. Mwana wanga ndimulera ndekha, ndipo aphunzira."

"Chingerezi aphunzira, sitikukana. Nanga duwa yopempherera mayi ake adzaimva kwa ndani? Munthu amaweramira Mulungu yekha, alamu. Inu munaweramira maliro, mudzi wonse ukuona. Sindikunena kuti munachita dala. Ndikunena kuti simudziwa."

Ndinali ndi satifiketi ziwiri m'sutikesi ku Chitala, koma pakhomo paja sizinandithandize. Ndinayang'ana pansi.

Amwalimu aja analipo, atakalamba kwambiri tsopano. Ndi amene anati nkhaniyi isathe tsiku limenelo. Anati mwana akhale kwa agogo ake mpaka sadaka ya masiku makumi anayi, kenaka banja lidzakhalenso pansi. Alamu anavomera.

Sukulu zinali pa holide, choncho ndinatsala m'mudzimo. M'mawa mwake ndinapita kwa amwalimu ndikuwapeza akusoka ukonde. Ndinawapempha kuti azindiphunzitsa patokha, kunyumba kwawo, anthu asakuona.

"Aphunzitsi, ine mkeka ndili nawo umodzi," anatero osasiya kusoka. "Uli pakhonde la mzikiti. Timayamba tikaswali masana."

Ndinapita. Ndinakhala pamkeka pakati pa ana osakwana zaka khumi, mawondo anga atatulukira pamwamba pa mitu yawo. Ena mwa makolo awo anali pa swala ija. Amwalimu anafunsa mokweza, "Aphunzitsi, paja munasiyira pati?"

"Sindikukumbuka."

"Ine ndikukumbuka. Pa sura yachitatu. Munati mukukamwa madzi. Ludzu lake linali lalikulu ndithu, zaka makumi awiri!"

Ana anaseka mpaka kugubuduka. Anandipatsa juzu, kabuku koyambira kuwerenga Kurani, ndipo ndinakatsegula monga nditsegulira mabuku onse. Mwana wanga anali kumbali ya atsikana. Anadzuka, nabwera, natembenuza kabukuko m'manja mwanga.

"Ababa, amayambira uku."

Ndinamufunsa kuti wadziwa bwanji, popeza linali tsiku lake loyamba. Anati amayi ankamuphunzitsa ine ndikapita kusukulu, ndipo ankabisa juzu m'dengu la nyemba. Kenaka amwalimu anamuuza kuti awerenge Fatiha, sura yotsegulira Kurani. Anaiwerenga yonse osaphonya, akukweza ndi kutsitsa mawu malo omwewo amene mayi ake ankakweza ndi kutsitsa m'bandakucha, ine nditafunda bulangeti kumutu. Pa maliro sindinalire. Pamkeka paja ndinapempha kuti ndituluke kaye, ndipo ulendo uno ndinabwerera.

Holide itatha ndinkapalasa njinga kuchokera ku Chitala Lachisanu lililonse tikaweruka, n'kubwerera Lamlungu. Amwalimu anandiphunzitsa swala ya jeneza mawu ndi mawu: zonena pambuyo pa Allahu Akbar woyamba, wachiwiri, ndi duwa ya womwalira pambuyo pa wachitatu. Anandiuzanso tanthauzo lake. Ndi pemphero loti Mulungu akhululukire amoyo ndi akufa, amene alipo ndi amene palibe, aang'ono ndi aakulu. Mkazi wanga ankalidziwa tanthauzo limeneli. Sindinamufunsepo.

Kutatsala sabata imodzi kuti sadaka ichitike, m'mudzimo munamwalira nkhalamba ina yogulitsa usipa. Jeneza litaikidwa pansi pa mango paja, ndinapita ndekha mzere woyamba n'kuima pambali pa alamu. Ashehe atanena Allahu Akbar kachiwiri, ndinaona dzanja la alamu likusendera kufupi ndi chigongono changa. Ndinaima chilili. Dzanjalo linabwerera.

Pa tsiku la sadaka, anthu atadya n'kubalalika, alamu anandiitanira kuseri kwa nyumba kumene amayanika maukonde.

"Mwana mutenge," anatero. "Koma holide iliyonse abwere kuno. Ndi inu nomwe. Amwalimu akuti mukadali mbuli."

"Akunena zoona."

"Akutinso mwanayu akukuposani."

"Zimenezonso n'zoona."

Tinabwerera ku Chitala pa njinga, mwana ali pakaliyala atakumbatira juzu ya mayi ake, imene ndinamubweretsera kuchokera m'dengu la nyemba lija. Chichokereni nthawi imeneyo ndaswalira maliro ambiri, ndipo sindinalakwitsenso. Koma swala ya mkazi wanga inali imodzi yokha, ndipo duwa yake anainena anthu ena, ine nditangoima, dzanja la alamu likadali pachigongono panga.