Mkamwini Sadzala Mango

Ulamuliro wa chipani chimodzi utangotha, ife a pakoleji ya aphunzitsi tinagwidwa matenda olankhula. Pakamwa panali patatsekedwa nthawi yaitali, ndiye Loweruka lililonse kunali dibeti. Malamulo ake anali osavuta: mutu umodzi, magulu awiri, belu likalira ukhale pansi. Koma mbali sunkasankha wekha. Tinkachita maere, ndipo mbali yakugwerayo unkaimenyera nkhondo ngakhale mtima wako uli kwina.

Anthu akumudzi zimenezi sankazidziwa. Kwathu munthu akaimirira pagulu n'kulankhula, ndiye kuti watulutsa zakukhosi.

Tsiku lina akuluakulu a koleji anaitana makolo, nati dibeti ichitike m'Chinyanja. Mutu unali wakuti chikamwini chithe. Maere anandipatsa ine mbali yoteteza mwambowo. Mbali yougwetsa inagwera msuweni wanga, mwana wa azakhali, mtsikana amene ndinkamuseka kuti amalankhula ngati akuopa kudzutsa khanda. Ndinangoti apa ndawina kale.

M'holomo munali bambo anga, mwinimbumba wa azakhaliwo, atapalasa njinga kuchokera ku Mbulumbuzi. Kumbuyo kwenikweni kunakhala bambo ake a msuweni wangayo, mkamwini wofatsa wa ku Likoswe, amene bambo anga ankati wayamba kukula mwendo. Zoti abwezedwe kwawo zinali zitayamba kale kunong'onedwa.

Ine ndinalankhula zanga, anthu n'kuwomba m'manja mwaulemu chabe. Kenako anaimirira iye.

“Mkamwini amalima chimanga, amalima nandolo, koma sadzala mango,” anatero. “Mango amachedwa kubereka, ndipo iye sadziwa ngati adzakhalepo. Ine ndakulira pakhomo popanda mthunzi. Sikuti bambo anga ndi aulesi ayi. Akhala mlendo kuyambira ndisanabadwe.”

Mawu amenewa ankawasunga pati mwana wamanyazi uja? Ndinaiwala zoti ndine womutsutsa, ndinangoti kukamwa yasa.

Bambo anga anadzambatuka.

“Alamu! Ndinu mwam'tuma mwanayu kuti atichotse ulemu pagulu? Mawa tionana!”

Alamu awowo anangoweramitsa mutu, chipewa chili m'manja. Ndinachita mantha, chifukwa ndinadziwa kuti masewera athu aja apasula banja.

Mphunzitsi wotsogolera dibeti analiza belu.

“Khalani pansi kaye, bambo, sitinathe. Tsopano asinthane mbali.”

Msuweni wanga anamwa madzi pang'ono n'kuimiriranso, nayamba kugumula nyumba yomwe anali atangomanga yekha. Anati mkazi wa pachikamwini mwamuna akamwalira salandidwa munda, ndipo ana ake sasowa kwawo. Kenako analoza bambo anga.

“Amayi atadwala, amalume anga ali apowa ndiwo anawanyamula panjinga mpaka kuchipatala cha mishoni. Mkazi wokhala kwa eni, mlongo wake amamva mochedwa.”

Azimayi analulutira. Ine nthawi yanga itakwana ndinangobwebweta, ndipo belu linandipulumutsa. Mpaka lero sindinaonenso munthu wina akunyamula zoona ziwiri zotsutsana, chilichonse ndi manja awiri, osagwetsa n'chimodzi chomwe.

Titatuluka, bambo anga anaitana msuweni wangayo pomwe anatsamiritsa njinga. Nkhope yawo inali isanamasuke.

“Iwe, tatiuza. Zako zenizeni ndi ziti?”

Iye anagwada pafumbi pomwepo.

“Zonse, amalume.”

Bambo anga anasisita chishalo cha njinga. Atatero anatembenukira alamu awo, omwe anaima chapatali kudikira chigamulo.

“Alamu, kuseri kwa nyumba kwathu kwamera mbande za mango aboloma. Mvula ikagwa mubwere mudzatenge.”

Alamu awowo anaika chipewa pansi n'kuwomba m'manja.