Mapazi a Anthu Chikwi

Bambo okalamba a chipinda chapamwamba pa cha Maëlle akamalonjera munthu sayang'ana kumaso, amayang'ana nsapato. Ukangoyamba kukwera masitepe, iwo adziwa kale kuti ndiwe yani. "Lero ukukoka phazi lamanzere, mwanawe," amamuuza Maëlle. "Akukalipiranso kuntchito eti?" Ndipo saphonya.

Kale ntchito yawo inali yoika phokoso m'mafilimu. Munthu akamayenda pa kanema, mapazi omvekawo ankakhala awo.

Lamlungu lina masana anamutengera Maëlle kukaonera filimu yaifupi yakalekale, ya munthu wosokonezeka pakati pa mzinda wawo womwewo wa Paris, khamu likumukankha pothamangira sitima yapansi panthaka. Mdidi wa mapazi unakula mpaka Maëlle anagwira pamtima.

"Anthu onsewa munawapeza kuti, bambo?" ananong'oneza.

"Anthu ati? Ndine ndekha ameneyo. Nsapato mapeya anayi ndi thabwa limodzi, masabata atatu."

Maëlle anangoti kukamwa yasa. Mzinda wonse umene umamuopsa m'mawa uliwonse, kani ungatuluke m'miyendo iwiri yonjenjemerayi!

Chakumapeto, khamu litabalalika, kunamveka mapazi ena odekha, a mkazi wosaoneka akutsika masitepe. Bambowo anavula chipewa.

"Awa okha si anga. Ndinayesayesa kuwatsanzira, zinandikanika, ndiye ndinaitana mwini wake, mayi akunyumba. Patha zaka khumi ndi zinayi chiwaikireni m'manda."

Maëlle anafuna kuwapepesa, koma iwo anakweza chala, maso ali chitsekere.

"Chete, mwanawe. Akufika."