Ndinayankha Adokotala Ngati Tikupatsana Moni

Inu owerenga, ine ndinaluza chipukuta misozi cha mwendo wanga chifukwa cha ulemu. Anzanga a kabaza ankanditcha Pulofesa, poti ngakhale sukulu ndinalekezera panjira, ndimawerenga chilichonse, mpaka nyuzipepala yokulungira tchipisi. Pulofesa yemweyo ndi amene anapusitsidwa masana dzuwa likuswa mtengo.

Ndinkapalasa njinga kunyamula anthu pakati pa Salima ndi Senga Bay. Tsiku lina ndikubwerera ndekha, pikapu yodzaza matumba a usipa inandiwomba kumbuyo. Ankayendetsa ndi mwini wake, bambo wa mpingo wathu womwe, amene pano ndiwatche a Chigwamba. Amene anaona akuti anali pa foni. Bondo langa lamanja linaphwanyika, ndipo potuluka m'chipatala linali litauma gwa, losapindika.

A Chigwamba anandisamala ngati m'bale wawo. Shuga, sopo, nthawi zina chambo. Mkazi wanga ankati, "Bambo a Tadala, munthu wakugundani uyu. Chambo chonsechi akufuna chiyani?" Ine ndinkangoseka, mumtima n'kumati mayiwa vuto lawo sawerenga.

Inafika nthawi yoti adokotala andiyeze, alembe kukula kwa chilema changa, kuti a inshulansi adziwe zondipatsa. A Chigwamba anadzipereka kundinyamula. Tili m'njira anatsitsa mawu. "Achimwene, mukalowa musakadandaule kwambiri. Akalemba kuti ndinu wolumala, a khonsolo sadzakulolaninso kunyamula anthu. Limbani ngati mwamuna."

Njinga ndiyo inkadyetsa banja langa, ndiye ndinawamvera. Ndodo yoyendera ndinaisiya m'galimoto. Nditalowa, adokotala anati, "Muli bwanji, bambo?" Ine pompo, "Ndili bwino, kaya inu?" Atafunsa ngati mwendo ukupweteka, ndinati pang'ono chabe. Atandiuza kuti ndiyende, ndinayenda ndikumwetulira ngati mkwati, thukuta lili kamukamu kumsana. Atati ndipinde bondo, ndinati lero langouma ndi kuzizira, masiku ena limapinda bwinobwino. Kuzizira ku Salima mu Okutobala! Panja mzere unali wautali, ndipo adokotala analemba zomwe mwini mwendo ananena: wavulala pang'ono, achira.

A inshulansi anandipatsa kangachepe, ine n'kusayina kuti nkhani yatha. Sabata yomweyo chambo chinasiya kubwera.

Mwendo sunachire. Njinga ndinayesa, ndinagwera m'ngalande. Ndipamene ndinapita kwa mayi wina wodziwa malamulo, amene anandimvetsera mpaka kumapeto kenako n'kugwira m'mutu. Anandiuza kuti za khonsolozo palibe amene akanandiletsa. Anati inshulansi imalipira mpaka pamlingo wake, ndipo chilema chikakhala chachikulu, zotsalazo khoti limatha kulamula mwini galimoto kuti atulutse m'thumba mwake. A Chigwamba ankadziwa zimenezi. Ine wowerengane sindinkadziwa. Ndipo poti ndinasayina ndekha, mlandu kuutsegulanso kunali kovuta.

Ndisaname, ndinaganiza zoipa. Ndinatola misomali yoti ndikatchere pamsewu. Ndinaganizanso zokathira mchenga wa kunyanja mu thanki ya pikapu ija. Mkazi wanga atawona misomaliyo anangoti, "Nanga akakuonani, muthawa ndi mwendo uti?" Ndinaibweza m'chitini.

Koma kubwezera sindinasiye. Pano ndimamata machubu a njinga pansi pa mtengo wa mango, m'mbali mwa msewu womwe pikapu ija imadutsa. Aliyense wobwera kudzamatitsa amamva nkhaniyi, dzina lenileni ndi nambala ya galimoto yomwe, osawonjezera, osachotsera. Amayi oyanika usipa amene a Chigwamba amawagula anaimva, ndipo ena mwa iwo tsopano amagulitsa kwa anthu ena. A Chigwamba akamadutsa amatseka galasi ngakhale kukutentha. Ine ndimawakwezera ndodo yanga m'mwamba kuti aione bwino.

Inu owerenga, Mulungu akutetezeni ku ngozi. Koma ikakugwerani, dziwani kuti funso la adokotala si moni wa panjira. Nenani paliponse pamene pakupweteka, ndi ntchito iliyonse imene simungagwirenso. Lirani ngati kulira kwabwera. Wokuperekezani akhale wanu, osati amene anakugundani. Musasayine kanthu musanafunse wodziwa malamulo, ndipo mkazi wanu akakayika, mverani, ngakhale simunamuonepo atagwira nyuzipepala.

Lamulungu lapitali abusa anandiitanira pambali. Anati mkwiyo wanga ukugawa mpingo, ndigwade ndipempherere m'bale wangayo, ndimukhululukire. Ndinawayankha mwaulemu wonse kuti, "Abusa, ndamva. Tsiku limene bondoli lidzapindike, ndidzagwada."