Mayi Amene Ankangokhala

Tsiku limene khoti linamulanda mwana, mayi wina, telala, anali atavala diresi losoka yekha. Woweruza sanaliyang'ane n'komwe. Anawerenga chigamulo: banja latha, ndipo mtsikana wawo wa zaka zisanu ndi ziwiri, yemwe ankamutchula Kabatani chifukwa anamezapo batani akukwawa, azikhala kwa bambo ake. Chifukwa chinali chimodzi: mayi alibe chochita chodyetsera mwana.

Inu ofuna mawu olimbikitsa, tamvani mmene mayi wosoka mayunifolomu a masukulu awiri athunthu anasandukira munthu wopanda chochita. Mlandu uli mkati, woweruza anamufunsa ngati ali pa ntchito. Kwa iye, ntchito inali ya anthu olawirira ku ofesi ndi chikwama m'manja. Anayang'ana pansi mwaulemu n'kuyankha monga amayankhira amayi ambiri: "Ayi bwana, ine ndimangokhala."

Kalaliki analemba momwemo. Cholembera chake sichinadziwe kuti kumeneko n'kudzichepetsa.

Bambo a Kabatani, dalaivala wa lole, anabwera ndi kalata ya kuntchito ya chidindo chachikulu. Kalatayo sinanene kuti amakhala pamsewu masabata atatu pamwezi. Choncho mwana wopita kwa bambo ake uja anakathera kwa azakhali ake, omwe anali kale ndi ana anayi. Loweruka loyamba limene telala analoledwa kukamuona, anamupeza atavala yunifolomu yong'ambika kukhwapa, yogwiriziza ndi pini. Mlamu wakeyo anati m'nyumbamo mulibe singano.

Pobwerera sanalire. Anapsa mtima mpaka anapitirira poyenera kutsikira basi.

Mkulu wake anamuuza kuti azisiye, mwana akadzakula adzamufuna yekha. Telala anafunsa kuti nanga kufikira nthawiyo, khwapa lija liziyenda lili pamtunda? Kasitomala wina ndiye anamulondolera ku ofesi ya maloya othandiza anthu mwaulere. Kumeneko anapeza loya wamkazi, wa magalasi ndi jekete ya mikono yaitali mopitirira. Loyayo anawerenga zolemba za mlandu, n'kufunsa chimene telala amachita tsiku lonse.

"Ndimangosokasoka, achemwali. Ndimangosokera masukulu awiri, ndiye ndimangoonjezerako madiresi a ukwati."

Loya anavula magalasi n'kugwira mutu. "Amayi, ka 'ngo' kameneka ndi kamene kakulandani mwana. Tichita apilo, koma mukasiye kunyumba."

Apilo ndi kupempha khoti lalikulu kuti liunikenso chigamulo. Kunena n'kosavuta. Ku kauntala ya khotilo anamuuza kuti abwere Lachiwiri. Lachiwiri wachidindo anali ku msonkhano. Lachiwiri linalo wachidindo analipo, koma kiyi wa kabati ya chidindo anali ndi munthu amene anapita ku msonkhano. Kenako fayilo inasowa, n'kudzapezeka patatha mwezi pansi pa ketulo ya tiyi. Anapitako kasanu n'kanayi. M'moyo wake wonse, pa benchi ya pakhonde la khotilo m'pamene anangokhaladi, ndipo ngakhale pamenepo ankapinda mipendero ya masiketi pamanja.

Chovuta kuposa kauntala chinali pakamwa pake. Ankaima pa galasi loyesera zovala n'kumati, "Ndine telala." Mawuwo ankatuluka ngati kudzitama, ndipo ankacheuka kuona ngati wina wamumva. Anakapempha makalata kwa aphunzitsi aakulu a masukulu aja, koma nawo anayamba kuwauza kuti wangobwera kudzangopempha kakalata. Loya atamva anati tsiku lina adzamusoka mlomo ndi makina ake omwe.

Patatha miyezi isanu ndi iwiri, mlandu unalowa. Loya wa bambo a Kabatani anaimirira akumwetulira. Anati mayiyu ananena yekha, atalumbira, kuti amangokhala. Ndiye ananama tsiku lija, kapena akunama lero?

"Ine ndimango..." anayamba telala. Loya wake anatsokomola ngati watsamwa. Telala anadzutsa mutu.

"Sindinaname, bwana. Ndimakhaladi, kuyambira sikisi koloko m'mawa mpaka madzulo. Ndimakhala pa makina. Telala sasoka ataimirira. Ngakhale shati avala bambo a Kabataniyo, kolala yake itatha ndinaitembenuza ndine."

Dzanja la bamboyo linathamangira pakhosi lisanafunse mwini wake. Jaji, mayi wachikulire, anaweramira pa mapepala kwa kanthawi, mapewa akugwedezeka ndi kuseka. Kenako anawerenga makalata a masukulu, n'kufunsa bambo kuti mwezi wathawu anagona masiku angati pakhomo pamene pali mwana. Bamboyo anayang'ana mlongo wake. Mlongoyo anayang'ana kudenga.

Chigamulo chinasintha: Kabatani azikhala ndi mayi ake, bambo azimutenga akabwera ku ulendo. Telala sanavine. Anatulutsa mwana pakhonde, pini ija ikadali kukhwapa kwa yunifolomu, n'kumukhazika pa benchi yomwe ija, n'kutulutsa singano m'chikwama.

"Kweza mkono."

Loya wake uja anadutsa pomwepo akuthamangira mlandu wina. Telala anamuitana, ulusi uli pakamwa. "Achemwali, jekete imeneyo mubwere nayo Lachiwiri. Ine Lachiwiri langa ndimapezeka."

Inu amene pepala lakuweruzani molakwika, dziwani kuti pamwamba pa khomo limene lakutsekerani pali khomo lina, ngakhale wachidindo wake atakhala ku msonkhano. Pitaninso Lachiwiri, mtima usagwe. Ndipo akakufunsani chimene mumachita, chitchuleni chonse ndi dzina lake. Ka 'ngo' kaja mukasiye kunyumba.