Masamba Makumi Awiri a Fodya M'kalasi la Masamu

Fodya wouma m'chigafa ali ndi fungo lake m'mamawa, mame akamufewetsa. Si fungo la ndudu ayi. Ndi lotsekemera pang'ono ngati nzimbe yoyamba kusasa, losakanikirana ndi fumbi ndi udzu wonyowa wapadenga, ndipo limakakamira m'malaya mwakuti ngakhale uchape chotani silichoka. Chaka chimene ndinali Fomu 3 ndinkapita nalo kusukulu tsiku lililonse, kuyambira mvula itayamba kudukiza mpaka mphepo yachisanu itafika. Tinkakhala pa esiteti ina ya kwa Mavwere. Abambo anali tenanti, anachoka ku Phalombe ine ndisanabadwe, ndipo nyengo yosankha fodya ikakwana panalibe zoti uyu ndi mwana wasukulu. Tonse tinkalawirira kuchigafa, chifukwa dzuwa likakwera masamba amauma n'kuyamba kufumbutuka m'manja.

Tinkakhala pamasaka, miyendo titatambasula. Ine ndinkatsitsa fodya pamikangala yoyanikirapo n'kumumasula, abambo n'kumasankha, amayi n'kumamanga timitolo. Milu inali isanu ndi umodzi. Abambo ankatola tsamba, kulitambasula pabondo, kulisisita kamodzi ndi chala chachikulu, kenako kuliponya pamulu wake osayang'anako n'komwe. Ankachita zimenezi uku akukangana ndi amayi za mbuzi kapena akutsokomola. Dzuwa likafika pansonga za mitengo ya bulugama ndinkasukusula msangamsanga n'kuyamba kuthamanga, zikhadabo zili bii.

Masamu ankatiphunzitsa a Mbewe, bambo wamtali wa tayi imodzi yomweyo, amene mathalauza awo ankakhala ndi zidindo za manja a choko m'mbali monse. Anali ndi kope lalikulu lachikuto cholimba, lakalekale, ndipo kuphunzitsa kwawo kunali kukopera za m'kopemo pabolodi, ife n'kukopera za pabolodi m'makope mwathu. Sindinkadana nawo. Masamu ndiwo anali phunziro lokhalo limene palibe ankandiseka, pakuti ngakhale Chingerezi changa chinali chothyokathyoka, manambala sankasamala kuti ndanunkha fodya. Tsiku lina anatilembera mutu watsopano, fankishoni. Anati fankishoni ndi fomula: ulowetsamo nambala, iyo ikutulutsira nambala ina. Analemba 2x + 3 monga chitsanzo, natiuza kuti tanthauzolo tilidule mizere iwiri kunsi ndi rula. Ndinadula mizere yanga iwiri, yowongoka bwino.

Vuto linabwera ndi buku. Buku lamasamu linali limodzi pa mzere wonse wa madesiki, ndipo Lachisanu limenelo inali nthawi yanga yopita nalo kunyumba. Ndinalitsegula Loweruka ndili m'chigafa, ndikudikira kuti abambo amalize zimene ndinawatsitsira. Bukulo linkanena zina. Linkati fankishoni ndi lamulo lopatsa chinthu chilichonse cha m'gulu loyamba mnzake mmodzi yekha wa m'gulu lachiwiri. Mawu oti fomula munalibe. Ngakhale manambala munalibe: anajambula mikombero iwiri, wina wa mayina a ana, wina wa midzi yawo, ndi timivi tochokera uku kupita uko. Nditakweza maso ndinaona masamba akuuluka kuchoka m'manja mwa abambo. Tsamba lililonse linkagwera pamulu umodzi. Panalibe tsamba logwera pamilu iwiri, panalibenso lotsala lopanda mulu. Ndinamva ngati ndatola chinthu panjira.

Lolemba ndinakweza mkono a Mbewe asanatsegule n'komwe kope lawo. Ndinafunsa ngati kusankha fodya si fankishoninso, ndipo ndinafotokoza za masamba ndi milu, ndikuphatikiza Chingerezi ndi Chichewa chifukwa cha changu. Chikondi, mwana wa mwini golosale wapamsika, anati kumbuyoko, "Imeneyo ndi fankishoni ya matenanti." Anthu anaseka mpaka ena kumenya madesiki. A Mbewe sanamudzudzule. Anangoti popanda nambala palibe masamu, popanda fomula palibe fankishoni. Ndinati buku silikutero. Iwo anati amene akuphunzitsa m'kalasi muno si buku.

Ndinakana kukhala pansi, ndiye anandiyang'ana nthawi yaitali n'kunena kuti, "Chabwino. Ngati ili fankishoni, ubwere nayo njira yake. Udzandilembere pabolodipa, choyamba chita ichi, chachiwiri ichi, mpaka ine amene sindinagwirepo fodya nditole tsamba n'kulipezera mulu wake ndekha. Ukalephera, usadzanditayirenso nthawi."

Milungu iwiri ndinalimbana nayo njira imeneyo. Poyamba inkaoneka yosavuta. Yang'ana kumene tsambalo linamera pamtengo, pansi, pakati kapena kunsonga. Yang'ana mtundu wake. Yeza kutalika ndi dzanja. Ona ngati lili ndi mabowo kapena madontho. Ndinalemba zonsezi kumapeto kwa kope, n'kuyesa kuzitsata ndekha monga munthu wosadziwa kanthu. Pa masamba atatu alionse, limodzi abambo ankalichotsa pomwe ndaliika n'kuliponya kwina. Ndikafunsa chifukwa, ankati ladera pang'ono. Pang'ono pake potani? Ankangoti, "Kodi suona?" Tsiku lina anandipatsa masamba awiri ofanana ngati mapasa nati ili ndi lolemera, ili ndi lopepuka. Ndinawanyamula, lina dzanja ili lina dzanja ilo, osamva kusiyana kulikonse. Ndinawonjezera mizere m'kope, ndinafufuta, ndinang'amba mapepala atatu ndi ukali. Ndinafika powakalipira abambo kuti munthu wamkulu amagwira bwanji ntchito zaka zonsezi osadziwa kufotokoza zimene akuchita. Amayi anandiponyera katsache n'kundiuza kuti ndiwasiye, akapitawo akufuna mabelo osati mafunso.

Kusukulu nako sikunali mtendere. A Mbewe akalowa m'kalasi ankafunsa ngati katswiri wathu wabwera nayo njira ija, ndipo anthu ankaseka asanamalize n'komwe. Ine ndinkangoluma mano.

Kenako ndinazindikira kuti ndikuvutika ndi chinthu chimene buku silinapemphe. Buku silinati fotokoza mmene mnzakeyo amapezekera. Linangoti akhale mmodzi. Ndiye ndinasankha masamba makumi awiri, ndinasolola ulusi pathumba lafetereza, n'kumangirira kapepala ka nambala pa phesi la tsamba lililonse. Ndinawapatsa abambo Lolemba n'kulemba kumene lililonse lagwera. Ndinawasokoneza n'kuwapatsanso Lachitatu, nditapinda timapepala tija kuti asaone. Loweruka ndinawabisa pakati pa fodya wina. Katatu konseko, tsamba lililonse linabwerera pamulu wake womwewo, osaphonya ngakhale limodzi. Abambo anangopukusa mutu, koma ndinaona kuti zawakomera. Ndinajambula mikombero iwiri papepala loyera, manambala makumi awiri uku, milu isanu ndi umodzi uko, ndi timivi tanga ta rula. Ndipo poopa kuti a Mbewe anganene kuti ndapeka, ndinakulunga masambawo m'thumba n'kupita nawo kusukulu.

Apa ndiye pamene ndinapusa. Pachitseko cha ofesi ya ahedi panali pepala lamalamulo, ndipo lina linkaletsa fodya ndi mowa pasukulu. Ndinkaliona tsiku ndi tsiku. Koma kwa mwana wobadwira pa esiteti, fodya wa palamulopo anali ndudu zogula pa okala, zimene anyamata ankasutira kuseri kwa zimbudzi. Zimene ndinanyamula ine zinali masamba basi, ngati a chimanga kapena a mtedza. Sizinandibwerere m'mutu ngakhale kamodzi. Ndinawayala patebulo la aphunzitsi motsatana manambala, pepala langa pambali. A Mbewe atalowa anaima pakhomo, anayang'ana tebulo, n'kubwerera m'mbuyo ngati aona njoka. Pepala lija sanalikhudze. Anandiuza kuti nditole katundu wanga tipite kuofesi.

Ahedi anali mayi wachikulire wolankhula mofatsa, zimene zinkandipsetsa mtima koposa kukalipa. Ndinawauza kuti fodya ameneyu palibe angamusute chonchi, ndi wa masamu. Anati agogo am'midzi amamufikisa m'manja n'kupichira chingambwe, ndiye fodya ndi fodya. Ndinawapempha kuti angoona pepalalo. Anati nkhani ya masamu ndi ya a Mbewe, yawo ndi ya lamulo. A Mbewe anati nkhani ya masamu inatha kale, yatsala ndi ya mwano. Pepala langa linali patebulo pakati pawo, aliyense akulikankhira kwa mnzake osaliwerenga. Anandibweza kuti ndikabwere ndi kholo.

Abambo anabwera m'mawa mwake, nthawi yeniyeni imene fodya amakhala wofewa, atabwereka jekete kwa aneba. Anavula chipewa tisanafike n'komwe pakhonde. Mu ofesi anakana mpando, ananjuta pafupi ndi chitseko, ndipo polankhula ndi ahedi aja ankangoti bwana. Chigamulo chinali chakuti ndikumbe dzenje lazinyalala, kenako ndiime kutsogolo kwa kalasi, ndipepese, ndi kuwerenga mokweza tanthauzo la fankishoni monga linalembedwera m'kope. Ndikatero nkhani yatha, ndibwerere pa desiki. Abambo anathokoza katatu, akuwomba m'manja. Ine ndinkayang'ana pansi.

Dzenjelo ndinalikumba masiku awiri, dothi lofiira louma kale pamwamba, ndipo sindinadandaule. Lamulo ndinaliswadi. Tsiku lachitatu a Mbewe anandiimika kutsogolo n'kundipatsa kope langa lomwe, atalitsegula pamene panali mizere iwiri ija. Ndinkamva ana a Fomu 1 akuyankhira pamodzi kuseri kwa khoma.

"Pepani aphunzitsi chifukwa cha fodya," ndinatero. "Koma ichi sindiwerenga. Si choona."

"Werenga, ukakhale pansi."

"Mungoliona kaye pepala lija."

"Iwe, ndati werenga."

Nthawi yomweyo Chikondi anatsina mphuno n'kupemerera mphepo ndi dzanja, ndipo wina anaphulika kuseka. Sindikumbukira kuti ndinaganiza chilichonse. Ndinaponya kopelo ndi mphamvu zanga zonse. Linamenya bolodi, fumbi la choko linabuka, mapepala n'kumwazika pansi. Ndikulowera kuchitseko ndinamva a Mbewe akunena kuti ndikaponda panja ndisadzabwerenso. Ndinaponda.

Kunyumba ndinayembekeza ndodo, koma abambo anamvetsera mpaka kumapeto, nati jeke yodindira mabelo yabwera, mawa ndilawirire. Amayi ndiwo anandichonderera kwa milungu ingapo kuti ndipite ndikagwade, mawu ochepa okha ndi chiyani. Ndinkawayankha kuti abwere a Mbewewo, popeza olakwa ndi iwo. Ndinkakhulupiriradi kuti abwera. Ndinkaganiza kuti tsiku lina a Mbewe atsegula buku lija, aona mikombero iwiri ija, n'kupalasa njinga yawo mpaka pa esiteti. Njinga iliyonse yodutsa mumsewu wafumbi ndinkaidzukira. Tinadinda mabelo, lole inabwera kudzawatenga, mphepo ya Juni inayamba kung'amba milomo, teremu inatha. Yotsatira inayamba popanda ine.

Lero ndimayendetsa njinga yamoto yakabaza pakati pa boma ndi kuboda, ndipo podikira makasitomala ndimawerenga za masamu pafoni, anzanga akundinena kuti ndapenga. Ndinapeza kuti anthu a madigiri amakanganabe za zomwezi, ndipo zinthu ziwirizi anazipatsa mayina osiyana: china ndi kulumikiza chinthu ndi mnzake, china ndi njira yotsata pomupeza mnzakeyo. Pa choyambacho ndinkalondola ndine, ndipo mpaka pano ndikazikumbukira ndimatha kuomba thanki ya njinga ndi chibakera. Koma chimene a Mbewe ankandipempha sichinali chopusa, anangochitchula ndi dzina lolakwika. Pepala langa linkadziwa masamba makumi awiri okha. Ukanalipatsa lina latsopano, likanangokhala duu.

A Mbewe ndinawanyamulapo kamodzi, atapuma kale ntchito, akupita kuchipatala. Anandizindikira ndi mawu. Tili m'njira anandiuza okha, ndisanafunse, kuti iwo anaphunzira kuphunzitsa Chichewa ndi za Baibulo, masamu anangowasenzetsa chifukwa panalibe wina, ndipo kope lalikulu lija anachita kusiyiridwa ndi mphunzitsi amene anasamuka. Sanapepese, inenso sindinapepese.

Ndili ndi zaka 16 ndinkaganiza kuti kuwerenga mzere uja n'kugonja, ndipo munthu ukakhala wolondola anthu amabwera kudzakutenga. Palibe anabwera, ndipo tsopano ndikuona kuti panalibenso amene akananditsekera chitseko ndikanapita ndekha. Ndikanawerenga mawu awo aja, n'kukhala pansi, mawa lake n'kukwezanso mkono. Ndinali ndi chaka china chathunthu choti ndikangane nawo ndili pa desiki.