Moni wa M'basi

Dzulo, pochotsa katundu m'fulati ya malemu bambo anga ku Woolwich, kuno kutsidya kwa nyanja, ndinapeza kaseti ya kanema yonunkha nkhungu. Ndinaizindikira nthawi yomweyo.

Anaigula pamsika Loweruka lina ndili wamng'ono. Inali filimu yaifupi yachifalansa, yakale, yakuda ndi yoyera. Munthu wina wovala chipewa ankayenda m'khamu akucheukacheuka, magalimoto akulira, koma panalibe womupatsa moni. Amayi ankakonda kunena kuti wakufa yekha ndiye salonjeredwa ndipo sayankha moni, choncho ndinafunsa:

"Adadi, munthuyu ndi mzukwa?"

"Ayi, mwananga. Ali ndi mantha chabe," anatero, n'kuzimitsa kanemayo.

Mawa lake, tikuchokera kutchalitchi pa basi, mkulu wina anatimva tikulankhula chinenero chakwathu. Anamwetulira n'kunena kuti, "Kodi ndinu akumudzi? Muli bwanji, achimwene?"

Bambo sanayankhe. Anangoyang'ana pawindo, ndipo tinatsika pa siteji yoti si yathu. Njira yonse ankacheuka ngati wachipewa uja. Ine ndinaganiza kuti mwina nawonso anafa kale osatiuza. Ndinawagwira dzanja kuti ndimve ngati linali lofunda. Linali lozizira, lonyowa ndi thukuta, koma sindinalisiye mpaka kunyumba.

Ndinadzamva nditakula kuti mnzawo amene anathawa naye ku Malawi anasowa ali ku Zambia atayankha moni wotere kwa munthu amene anali kazitape wa boma. Boma limene analithawa linali litagwa kalekale, koma bambo anga anamwalira akuopabe moni wa kwawo.